Ati poti ndine wokwatiwa, ntchito ya pulojekiti si yanga

Funso

"Zikomo achikulire. Ndine mayi wa ana atatu, kwathu ndi m'chigawo chapakati. Boma latenga minda ya m'mudzi mwathu kuti padutse ntchito yachitukuko, ndipo pamsonkhano anatilonjeza kuti banja lililonse lomwe munda wake wapita lipereka munthu mmodzi wokalembedwa ntchito. Munda wathu unali wa malemu agogo aakazi. Mayi anatigawira ine ndi mlongo wanga, aliyense ndime yake. Ine ndinatengedwa chitengwa kumudzi woyandikana nawo, koma ndime yangayo ndimalima chaka ndi chaka, chimanga chomwe ana anga amadya chimachokera pamenepo. Kaundula atatuluka, dzina la mlongo wanga lilipo, langa palibe. Mlembi wa komiti anandiyankha kuti wokwatiwa amawerengedwa kwa mwamuna wake. Chonsecho mlongo wangayo naye ali pabanja. Mng'ono wanga yemwe ukwati wake unatha amuuza kuti ndi mwana wa pakhomo pa mayi, sangalembedwe payekha. Kodi limeneli ndi lamulo? Nanga ndikadandaula, sindiyambana ndi abale anga?"

Yankho

Mayi, pepani ndi zomwe zakuonekerani, koma mtima ukhale m'malo, simukulimbana ndi lamulo. Dziko lino lilibe lamulo loti mkazi akakwatiwa afufutidwe pa mndandanda wa anthu omwe chitukuko chawatengera malo. Zomwe anakuuzani mlembi uja ndi maganizo ake, kapena mfundo yomwe komiti inagwirizana pansi pa mtengo, ndipo mfundo yotero ikagundana ndi malamulo oyendetsera dziko, yogwa ndi mfundoyo.

Malamulo oyendetsera dziko a 1994, pa gawo 24, amanena poyera kuti amayi asasalidwe chifukwa choti ndi akazi kapena chifukwa choti ali pabanja kaya sali pabanja. Gawo lomwelo limati mayi ali ndi ufulu wokhala ndi katundu payekha kapena pamodzi ndi ena, kaya ndi wokwatiwa kaya ayi, ndipo lamulo lililonse losala amayi pa zifukwa zimenezi lilibe mphamvu. Tangoganizani: ngati lamulo lodutsa ku Nyumba ya Malamulo lingathe mphamvu pa chifukwa chimenechi, kuli bwanji mawu a mlembi wa komiti? Palinso lamulo la za ntchito la 2000, lomwe pa gawo 5 limaletsa wolemba ntchito kusankha anthu potengera zoti ali pabanja kapena ayi, ngakhalenso potengera udindo wawo wosamalira banja. Chomwe ambiri sadziwa n'choti gawo limeneli silitchinjiriza okhawo omwe ali kale pantchito. Limatchinjirizanso munthu yemwe akufuna kulembedwa, kutanthauza inuyo. Limagwira ntchito kwa boma ndi kwa kontrakitala yemwe.

Tsono ngati lamulo lili lomveka chonchi, bwanji nkhani ngati yanuyi ndakumana nayo kambirimbiri? Pa zaka zomwe ndakhala ndikuthandiza anthu pa nkhani za malo ndi chipukutamisozi, sindinaonepo chikalata cha pulojekiti cholembedwa kuti okwatiwa ayi. Palibe angalembe zotero. Tsankho limabisala m'mawu amodzi okha, mawu akuti banja, ndipo limalowa tsiku la kalembera.

Zimayenda motere. Pulojekiti isanayambe, amatumiza anyamata ndi atsikana okhala ndi mafomu kapena matabuleti kudzalemba omwe akhudzidwa. Fomuyo ili ndi mzere umodzi wa mutu wa banja, ndipo wolembayo ali ndi makomo makumi angapo oti amalize dzuwa lisanalowe. Ndinaperekezapo gulu lotere m'mudzi wina wa chikamwini. Tinafika pakhomo, mayi akupeta mphale pabwalo, bambo ali pakhonde akukonza mpini. Mnyamata wolemba anapita kukakhala pafupi ndi bambo aja n'kufunsa kuti, "Mutu wa banja ndinu eti?" Bambo anavomera, chifukwa angakane bwanji pamaso pa alendo? Dzina lawo linalowa, nambala ya chiphaso chaunzika inalowa, anawajambula ataima pamunda. Chonsecho bamboyo anali mkamwini, munda unali wa mayi aja kuchokera kwa amayi awo. Mayiwo sanaleke n'kupeta komwe, chifukwa palibe anawafunsa kanthu. Zonse sizinathe mphindi khumi, koma kuchokera tsiku limenelo chipukutamisozi, maphunziro a ntchito zamanja ndi mwayi wa ntchito zinayamba kutsata dzina lomwe linali pamzere uja.

Muone m'mene mfundoyi imamupanira mkazi mbali zonse. Akakhala pachikamwini, alemba mwamuna chifukwa ndiye mutu. Akapita chitengwa ngati inu, ati ndi wa kwa mwamuna. Ukwati ukatha n'kubwerera kwawo, ati ndi mwana wa pakhomo. Wamasiye amalembedwa pansi pa mwana wake wamwamuna kapena atsibweni, ndipo pamitala kawirikawiri amalowa ndi mayi wamkulu yekha, wamng'ono ndi ana ake n'kumezedwa m'dzina la bambo. Mwamuna akakwatira amasanduka banja latsopano loyenera mzere wake, pomwe mkazi akakwatiwa amasowa pa pepala. Chomvetsa chisoni n'choti mwambo wathu weniweni sunena zimenezi. Kwa Achewa munda umatsata mbumba, mwinimbumba ndi woyang'anira chabe, ndipo mwana wamkazi wotengedwa chitengwa sasiya kukhala mwana wa pamudzi. Fomu ija ndiyo imabweretsa mwambo wachilendo, kenako anthu n'kumati n'chikhalidwe.

Palinso chifukwa china chomwe sachinena pamsonkhano. Malo a ntchito amakhala ochepa kuyerekeza ndi anthu okhudzidwa, ndiye komiti imafunafuna njira yachidule yochepetsera maina popanda phokoso. Amayi okwatiwa ndiwo osavuta kuchotsa, poganiza kuti sakalankhula ndiponso kuti ali ndi wowadyetsa.

Ndiyenera kukuuzaninso mbali yomwe singakukomereni. Si kuchotsedwa kulikonse komwe kuli tsankho. Pulojekiti iliyonse imakhala ndi tsiku lotsekera kalembera, ndipo ili ndi ufulu wonena kuti yowerengedwa ndi anthu omwe ankakhala kapena kulima pamalopo pofika tsikulo. Cholinga chake n'kutchinga anthu omwe amathamangira kudzamanga zisakasa akamva kuti kukubwera ndalama. Mfundo imeneyo ndi yovomerezeka, malinga ikhale ya aliyense. Ndiye funso lomwe ndimauza amayi kuti azifunsa komiti ndi ili: mlongo wanga akanakhala kuti anapita chikamwini kumudzi woyandikana nawo, koma akulimabe ndime yake kuno, mukanamuchotsa? Akati ayi, ndiye kuti chomwe chakuchotsani si komwe mumagona, koma kuti ndinu mkazi wokwatiwa, ndipo pamenepo nkhani yanu yaima pa miyendo iwiri. Akati inde, afotokoze chifukwa chomwe munthu yemwe wataya munda womudyetsa sakumuwerengera kuti wakhudzidwa. Mukanakhala kuti ndimeyo munaisiya tsala zaka zambiri, kapena ankalima ndi mlongo wanuyo, ndikanakuuzani kuti mlandu wanu ndi wofooka. Koma mwanena kuti mumalima chaka ndi chaka, ndipo mphamvu yanu yagona pamenepo.

Chinanso, musasokoneze zinthu ziwiri. Chipukutamisozi ndi ufulu: gawo 44 la malamulo oyendetsera dziko limati boma likatenga katundu wa munthu pofuna chitukuko liyenera kumudziwitsa mokwanira, kumulipira moyenera, ndipo iye ali ndi ufulu wokadandaula kukhoti. Ntchito ndi lonjezo la pulojekiti, ndipo kulimba kwake kumadalira komwe linalembedwa. Chomwe lamulo limakupatsani si ntchitoyo, koma kuti pogawa mwayi womwe ulipo muyesedwe ndi muyeso umodzi ndi mlongo wanu.

Kunja kuli maiko omwe anafika patali pa nkhaniyi, ndipo chitsanzo chabwino ndi India, komwe kupereka ntchito posinthana ndi malo n'kokhazikika. Kampani ya boma yokumba malasha ya Coal India, mu ndondomeko yake ya 2012, imapereka ntchito imodzi pa maekala awiri aliwonse omwe yatenga. Lamulo la dziko la India la 2013 lotengera malo limati banja lokhudzidwa lisankhe pakati pa ntchito, ndalama za kamodzi zokwana marupi 500,000, kapena ndalama ya pamwezi kwa zaka 20. Lamulo lomwelo linachita kulemba kuti mayi wamasiye, wosudzulidwa kapena wothawidwa aziwerengedwa ngati banja palokha, chifukwa anaona m'mene mawu akuti banja amamezera amayi. Kumenekonso ndondomeko zina za m'zigawo zinkalola mwana wamwamuna wokwatira kulandira ntchito koma n'kutaya mwana wamkazi wokwatiwa, mpaka amayi anapita kukhoti. Mu 2016 khoti lalikulu la chigawo cha Chhattisgarh linagamula kuti kumusiya kunja mwana wamkazi chifukwa choti anakwatiwa n'kuphwanya malamulo oyendetsera dziko lawo pa nkhani ya kufanana. Chigamulo cha ku India sichimanga khoti la kuno, koma mawu omwe anakuuzani mlembi ndi omwewo amene oweruza kumeneko anawakana, ndipo gawo 24 lathu limachita kutchula za kukhala pabanja mwachindunji.

Tibwere pa zoti muchite. Musayambe ndi ntchito, yambani ndi kaundula wa chipukutamisozi. Kafufuzeni kuti ndime yanu inalembedwa m'dzina la yani, anayeza kukula kwake bwanji, ndipo mitengo ndi mbewu zomwe zinali pamenepo anaziwerengera yani. Ndikuona ngati ndime yanu inaphatikizidwa ndi ya mlongo wanu n'kukhala munda umodzi wa dzina limodzi. Ngati zili choncho, simunangotaya mwayi wa ntchito, ndalama ya munda wanu nayo ikupita m'thumba la wina. Dzina lanu likalowa pa kaundula ameneyu ngati mwini ndime, nkhani ya ntchito imatsatira yokha, chifukwa mndandanda wa ntchito amautapa pamenepo.

Kenako lembani kalata. Ya Chichewa yomweyi, ya pamanja, tsamba limodzi. Mutchule dzina lanu, nambala ya chiphaso chaunzika, mudzi, malire a ndime yanu ndi omwe mwayandikana nawo, chaka chomwe munayamba kulima, tsiku lomwe munauzidwa kuti wokwatiwa sawerengedwa ndi udindo wa yemwe ananena mawuwo. Pomaliza mupemphe zinthu ziwiri: kuti dzina lanu lilowe, ndipo ngati akukana, akupatseni zifukwa zake polemba. Pempho lachiwirili lili ndi mano. Gawo 43 la malamulo oyendetsera dziko limapatsa munthu ufulu wouzidwa zifukwa polemba pamene ofesi ya boma yachita chiganizo chokhudza ufulu wake. Ndaona kangapo mayi akubwezeretsedwa pa mndandanda sabata yomweyo, osati chifukwa komiti yasintha mtima, koma chifukwa palibe ofisala yemwe angafune kusaina pansi pa mawu oti takuchotsani poti ndinu wokwatiwa. Pakamwa amanena mosavuta, papepala dzanja limanjenjemera.

Kalatayo ipite ku komiti yolandira madandaulo ya pulojekiti, ina kwa bwanamkubwa, ina musunge. Yanuyo aidinde chidindo kapena asainepo ndi kulemba tsiku, ndipo ngati ali ndi buku la madandaulo akupatseni nambala yomwe alembapo. Musachoke ndi mawu akuti tamva, tiziona. Umboni wanu usakhale wovuta: kalata ya anyakwawa kapena agulupu yotsimikiza kuti ndimeyo mumalima ndinu, mawu a mayi anu omwe anakugawirani, anthu awiri oyandikana nawo munda, ndipo ngati mlangizi wa zaulimi kapena kalabu yanu ili ndi dzina lanu pa munda umenewo, ndi bwino koposa. Ngati makasu a pulojekiti sanafikebe pa ndime yanu, ijambuleni pafoni lero lomwe, mizere ndi mapesi zikuoneka.

Mufunsenso kuti ndalama za pulojekitiyi zikuchokera kuti, chikwangwani cha pamsewu chimanena. Ngati muli dzanja la World Bank kapena nthambi yake ya IFC, pamakhala buku la ndondomeko yosamutsira anthu, lomwe ogwira ntchito amangolitcha kuti RAP, ndipo muli ndi ufulu wopempha kuliona. Lamulo lopatsa anthu mwayi wopeza uthenga kuchokera ku maofesi a boma linayamba kugwira ntchito mu 2020. Mfundo za World Bank ndi IFC zimati zikalata za malo ndi malipiro zilembedwe m'maina a mwamuna ndi mkazi yemwe, kapena a kholo lomwe likuyendetsa banja lokha, ndipo maphunziro, ngongole ndi mwayi wa ntchito zifikire amayi mofanana ndi abambo. M'bukumo muyang'ane tsamba lomwe akufotokoza kuti banja ndi chiyani ndi kuti woyenera kulandira ndani. Nthawi zambiri mupeza kuti zolembedwazo n'zabwinobwino, zinapotoka pofika kumudzi. Opereka ndalamawa ali ndi maofesi awoawo olandira madandaulo, ndipo akuluakulu a pulojekiti safuna kuti nkhani ya tsankho kwa amayi ikafike kumeneko.

Akakhala chete kapena akakana, pitani patsogolo. Ofesi ya Ombudsman imamva madandaulo a anthu omwe sanachitiridwe chilungamo ndi maofesi a boma, ndipo salipiritsa. Bungwe la Malawi Human Rights Commission ndilo linapatsidwa udindo woonetsetsa kuti lamulo la 2013 la kufanana kwa amayi ndi abambo likutsatidwa. Ngati wolemba ntchito ndi kontrakitala ndipo wakukanani pa chifukwa cha ukwati, yambirani ku ofesi ya leba ya m'boma lanu, yomwe ikalephera nkhani imapita ku khoti la milandu ya apantchito. A Legal Aid Bureau amathandiza omwe alibe ndalama ya loya. Apa ndikuchenjezeni kwambiri za nthawi. Kumudzi timati mlandu suola, koma ku High Court, mukafuna kuti woweruza aunikenso chiganizo cha ofesi ya boma, muyenera kukasuma msanga, isanathe miyezi itatu chichitikireni chiganizocho. Choncho musalole kuti akuyendetseni ndi bwerani mawa mpaka nthawi ithe. Ikatha masabata atatu kapena anayi opanda yankho lolembedwa, kaonaneni ndi loya kapena wothandiza pa zamalamulo pamene dandaulo lanu likadali ku komiti. Mupitenso msanga ngati akukukakamizani kusaina pepala loti mwalandira zonse ndipo mulibe dandaulo, kapena ngati ndalama ya ndime yanu yatsala pang'ono kulipidwa kwa munthu wina, chifukwa ndalama ikalowa m'thumba la m'bale kuitulutsa ndi ntchito yaikulu.

Pali zoopsa ziwiri zomwe sindingazibise. Pomwe pali mndandanda wa ntchito pamapezeka wina wonena kuti mumupatse kangachepe, kapena kwa amayi, kuti mukaonane naye madzulo, dzina lanu lilowa. Musavomere, ndipo musunge mauthenga ake pafoni. Zimenezo ndi mlandu, wa ziphuphu ku Anti-Corruption Bureau, wa nkhanza kupolisi ku ofesi yothandiza ozunzidwa. Choopsa china n'kulola kuti akuchepetsereni chipukutamisozi kapena mukhale chete pa za munda chifukwa akulonjezani ntchito. Ntchito zambiri zomwe anthu a m'mudzi amapatsidwa pa mapulojekiti otere ndi za nthawi yomanga yokha: kukumba, kusenza, kuimika magalimoto ndi mbendera, kuphika, ulonda. Kumanga kukatha, kontrakitala amapakira makina ake n'kumapita, pomwe munda wapita mpaka kalekale. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwamphepo. Mufunse kuti ntchitoyo ndi ya miyezi ingati, wolipira ndani, ndipo pali kalata ya mgwirizano kapena ndi ganyu chabe.

Za kuyambana ndi abale, mantha anu ndi omveka, ndipo apa mpomwe nkhani zambiri zimafera. Mfundo ya munthu mmodzi pa banja imachititsa kuti mlongo wanu aone ngati mukufuna kumulanda malo. Musanapereke kalata, khalani pansi ndi iye, mayi anu ndi atsibweni, muwauze momveka kuti simukupempha kuti dzina lake lichoke. Mukunena kuti ndime zinali ziwiri, nkhokwe ziwiri, mabanja awiri, ndiye mizere pa kaundula ikhale iwiri. Iye akavomera kusaina ngati mboni yanu, theka la ntchito latha, chifukwa komiti imasowa pobisala. Akakana, chifukwa mwina ndalama ya ndime yanu anaiwerengera kale, pitirizanibe, koma dandaulo lanu lilunjike kwa omwe analemba molakwika osati kwa iye. Bambo a kunyumba kwanu muwadziwitse zonse kuti asamve kwa anthu, koma kalatayo ikhale m'dzina lanu. Mukaisiya kuti alembe iwo, mwavomereza mfundo yomwe mukuitsutsayo.

Mng'ono wanu alembe kalata yakeyake, asakwere pa yanu. Nkhani yake ndi yosiyana pang'ono ndipo mwina ndi yolimba kuposa yanu, chifukwa iye amagona m'mudzi momwemo. Asonyeze kuti amaphika poto wake, ali ndi ana omwe akuwalera, ndiponso ngati mayi anamupatsa polima, atchule pomwe pali. Ngati ukwati unathera kwa ankhoswe osati kukhoti, ankhoswe omwewo ndi anyakwawa angachitire umboni. Ndipo mufunsefunse pachitsime ndi kutchalitchi kuti ndi amayi angati omwe anauzidwa mawu omwewa. Ndikhulupirira simuli awiri okha. Aliyense alembe yake ndi kusaina yekha, koma mukapereke tsiku limodzi, pamodzi, ndipo mupemphe kuti poyankha pakhale ofisala wa khonsolo woona za amayi ndi chitukuko cha m'madera. Mukalandira yankho lolembedwa, kaya lovomera kaya lokana, nditumizireni mawu ake monga momwe alembera, tione chochita chotsatira masiku a kukhoti aja asanathe.